Tsiku limodzi pachilumba cha Zanzibar, ndi boti la saa kumi limene linatisiya

Galimoto imene ndinaitanitsa ku Japan inafika padoko la Dar es Salaam mu Ogasiti 2023, koma mapepala ake sanathe tsiku limene tinalonjezedwa. Amene munapitako kukatenga galimoto mukuidziwa nyimbo yake: "Mawa bwana, mawa." Ine ndi alamu anga tinali titaphwanyika kale thupi pabasi kuchokera ku Lilongwe, kudzera ku Mzuzu, Karonga, pachipata cha Songwe, Mbeya, Iringa ndi Morogoro. Atatiuza "mawa" kachitatu, ndinaona kuti tikapitiriza kuyang'anizana m'kachipinda kotentha ka ku Kariakoo tiyambana popanda chifukwa. Alamu ndiwo anabwera ndi nzeru. Anati, "Alamu, Zanzibar ili pompa, maola awiri okha pamadzi. Tigoneko usiku umodzi, mawa tizungulire chilumba chonse, usiku tibwerere."

Chibwerereni anthu angapo akhala akundifunsa za ulendowu, makamaka amayi ogula katundu ku Kariakoo ndi anzanga okatenga magalimoto. Ndiye ndalemba zonse pano, kuphatikizapo pamene tinapusa.

Matikiti tinagula pawindo la kampani ya maboti padoko penipeni. Panja pali anyamata amene amakuthamangira akuti akuthandize, koma windolo silisowa, ndipo wogulitsa amafuna aone pasipoti yako. Nthawi imeneyo munthu wakunja ankalipira madola 35 ulendo umodzi pamipando yotchipa. Mabotiwa asakukumbutseni Ilala yathu imene imayenda ngati agogo akupita ku mapemphero. Awa amathamanga, ndipo m'kati muli mphepo yozizira ya makina moti juzi imafunika.

Pasipoti musaisiye ku Dar poganiza kuti Zanzibar ndi Tanzania yomweyo. Zoonadi Tanganyika ndi Zanzibar zinaphatikizana pa 26 Epulo 1964, koma zilumbazi zili ndi pulezidenti wake ndi nyumba yake ya malamulo, ndipo potsika boti umadzaza kafomu n'kudinditsa pasipoti ngati walowa dziko lina. Ife Amalawi viza sitifunika. Khadi lachikasu la katemera nyamulani, silemera. Kuyambira Okutobala 2024 boma la Zanzibar linayambitsa inshuwalansi yokakamiza kwa alendo akunja, ya madola 44. Ife tinapita isanayambe, koma inu mufunse za iyo musanakwere boti, kuti isakudzidzimutseni muli pamzere.

Mukangotuluka pageti la doko mudzakumana ndi anyamata amene eni dziko amawatcha papasi. Liwuli limatanthauza nkhupakupa, ndipo amene anawapatsa dzinalo anaganiza bwino. Aliyense ali ndi hotela yabwino, aliyense ali ndi ulendo wotchipa, aliyense ndi m'bale wako. Sachita nkhanza ayi, koma ukangomwetulira kamodzi mwakwatirana. Ife tinangoyenda mpaka kunyumba ya alendo imene tinali titaimbira kale foni, ndipo mwini nyumbayo ndi amene anatiitanira munthu woperekeza alendo, amene kumeneko amangoti gaidi.

Anabwera madzulo omwewo, bambo wamtali wa imvi m'ndevu, atavala kofia yoyera, chitupa chake cha boma chili pakhosi. Ife tinkangomutcha Mzee. Atamva kuti tachokera ku Malawi anawomba m'manja nati, "Wanyasa!" Tinaseka, osadziwa kuti liwulo lidzandilemera m'mawa mwake. Anatiyalira dongosolo: m'mawa kuyenda pansi mu Stone Town, kenako ku minda ya zonunkhira, nkhomaliro komweko, nkhalango ya Jozani, n'kumalizira kugombe la kum'mawa ku Paje. M'minibasi tidzakhala ndi alendo ena anayi kuti mtengo utsike. Alamu anafuna kuwonjezera kachilumba ka Changuu, kamene alendo amakatcha Prison Island, komwe kuli akamba akuluakulu amene makolo awo anachokera ku Seychelles mu 1919. Mzee anakana. Anati kupita ndi kubwera pabwato ndi ola lathunthu, kuyembekeza bwato ndi kuona akambawo ola linanso, ndiye tikhala tikungothamanga tsiku lonse. Pamenepo ndinamukhulupirira, chifukwa wina akanangovomera kuti ndalama ichuluke.

Tinakambirana za mtengo kwa nthawi yaitali, ndipo mbali imeneyi tinaichita bwino. Tinafunsa chimodzichimodzi ngati ndalama yolowera ku tchalitchi, ku munda ndi ku Jozani ili m'kati, ngati nkhomaliro ili m'kati, ngati madzi akumwa alipo. Zolowera zinali m'kati, madzi ayi. Chimene sitinafunse ndi nthawi: pamalo aliwonse tikhala mphindi zingati, ndipo nyanja idzakhala bwanji tikamafika. Mmalawi akamagula chinthu amalimbana ndi mtengo basi. Koma paulendo wa tsiku limodzi chimene ukugula kwenikweni ndi maola, ndipo ife maolawo tinawasiya m'manja mwa ena.

8 koloko m'mawa tinayamba. Stone Town ndi mzinda wakale wa nyumba zomangidwa ndi miyala ya m'nyanja ndi laimu, ndipo UNESCO inauika pa mndandanda wa malo osungidwa a dziko lonse m'chaka cha 2000. Tinjira take n'topapatiza moti galimoto silowa, koma njinga zamoto zimalowa, ndipo zimakutulukira pakona osaliza belu. Popanda gaidi tikanasochera tisanathe mphindi khumi. Mzee ankayenda patsogolo akuloza zitseko zosema zokhala ndi minga ikuluikulu ya mkuwa, nati luso limeneli linachokera ku India komwe mingayo inkaletsa njovu kugumula chitseko. Ku Zanzibar njovu kulibe, koma munthu wachuma ankafuna aliyense wodutsa adziwe.

Tinaima pa Ngome Kongwe, linga limene Aluya a ku Oman anamanga cha m'ma 1700 atapirikitsa Apwitikizi. Pafupi pake pali Beit al-Ajaib, nyumba imene Sultan Barghash anamanga mu 1883, yoyamba kukhala ndi magetsi pachilumbapo. Mbali ina inagwa pa Khirisimasi ya 2020, ndiye ife tinangoiona kunja itatchingidwa, akuikonza. Pamalo omwewo Mzee anatiuza za nkhondo ya pa 27 Ogasiti 1896, pamene zombo za Angerezi zinaphulitsa nyumba ya mfumu ndipo nkhondo yonse inatha isanakwane mphindi 45. Alamu anati mlandu wa mbuzi kwathu umatenga nthawi yaitali kuposa pamenepo. Ku msika wa Darajani tinangodutsa, koma fungo la nsomba linatiperekeza mtunda wautali. Alamu anaona nyama ya m'nyanja ya miyendo isanu ndi itatu, imene amaitcha pweza, itayalidwa patebulo, nanditsina kuti, "Alamu, anthu amadya chimenechi?" Koma titafika pa dagaa anamasuka, poti ndi tinsomba tofanana ndi usipa wathu.

Kenako tinalowa pa Mkunazini.

Ine ndinabadwira ku Nkhotakota. Ndili mwana ndinkadutsa pa mkuyu uja umene amati David Livingstone anakambiranapo ndi Jumbe za kuleka kugulitsa anthu. Kusukulu tinaloweza kuti Jumbe Salim bin Abdallah anakhazikika ku Nkhotakota m'zaka za m'ma 1840, kuti akapolo ankawolotsedwa nyanja pa zombo, kuti Mlozi wa ku Karonga anapachikidwa mu 1895. Zinali zoloweza kuti ukhoze mayeso. Nkhaniyo kwa ine inkathera pagombe la nyanja yathu, zombo zikazimiririka kutsidya. Sindinadzifunsepo kuti anthuwo ankakathera kuti.

Ankakathera pano, pamene panali msika wa akapolo. Mzee anatenga kamtengo najambula pansi: nyanja ya Nyasa apa, kutsidya kwake apa, ulendo wapansi wa miyezi ingapo mpaka ku Kilwa, doko la kugombe la nyanja yamchere, kuchoka ku Kilwa pa chombo mpaka padoko limene tinatsikira dzulo. Anati ambiri mwa anthu ogulitsidwa pamsika uno ankachokera chakunyanja kwathu, Ayao ndi Anyanja, ndipo onse ochokera kumeneko ankangotchedwa Wanyasa. Ena ankatumizidwa ku Arabia, koma ochuluka ankatsala konkuno kulima minda ya karafuu (clove m'Chingerezi) pa Unguja, chilumba chachikulu chimene tinalipochi, ndi pa chinzake cha Pemba. Msikawo unatsekedwa mu 1873, Sultan Barghash atakakamizidwa ndi Angerezi, ngakhale ukapolo weniweniwo unapitirira pazilumbazi mpaka lamulo la 1897.

Pansi pa nyumba ina pali tizipinda tiwiri, denga lake lotsika moti munthu wamkulu suimirira mowongoka, timawindo take ngati ming'alu. Magaidi amati m'menemo ndimo ankatsekeramo anthu poyembekeza tsiku la msika. Akatswiri ena a mbiri yakale amatsutsa, amati nyumbayo inamangidwa msika utatsekedwa kale. Mzee nditamufunsa sanakwiye. Anangoti, "Bwalo ili ndiye palibe amatsutsa." Pabwalopo pali dzenje, ndipo m'dzenjemo mwaima zifaniziro zisanu zamiyala, amuna ndi akazi, unyolo uli m'khosi. Anazisema ndi mayi wa ku Sweden, Clara Sörnäs, mu 1998. Chimodzi chili ndi nkhope yotakata, maso oyang'ana pansi, ndipo ndinaona ngati ndikuyang'ana azakhali anga. Alamu, amene sasowa chonena, anakhala chete navula chipewa.

Tchalitchi cha Anglican cha Christ Church chinamangidwa pamsika pomwepo. Anayamba kumanga kumapeto kwa 1873 motsogozedwa ndi Bishopu Edward Steere, amene anamwalira mu 1882 ndipo manda ake ali kuseri kwa guwa. Patsogolo pa guwalo pali kabwalo koyera kozunguliridwa ndi mwala wofiira, ndipo amati pamenepo ndi pamene panali mtengo womangirirapo anthu powakwapula kuti ogula aone wopirira. Pachipilala china papachikidwa mtanda waung'ono, wosemedwa kuchokera ku mtengo wa kwa Chitambo ku Zambia, umene patsinde pake anakwirirapo mtima wa Livingstone mu 1873. Mwa anthu amene ananyamula mtembo wake mpaka kugombe la Bagamoyo munali James Chuma, Myao amene anawomboledwa kwa ogula akapolo ali mnyamata mu 1861, kumwera kwa dziko lathu lino.

Ndipo mpingo umene unamanga tchalitchichi si wachilendo kwa ife. Ndi UMCA, mishoni ya Anglican yomwe ija inayambira ku Magomero mu 1861. Bishopu Mackenzie atamwalira ndi malungo mu 1862, wolowa m'malo mwake, Bishopu Tozer, anasamutsira mishoni ku Zanzibar mu 1864. Patapita zaka anabwereranso kunyanja, nakhazikika ku Likoma mu 1885. Ndiye kuti St Peter's ya ku Likoma ndi tchalitchi ichi ndi ana a bere limodzi.

Pambali pali nyumba ya zithunzi ndi zolemba zofotokoza mbiri yonseyi. Ndinali nditangowerenga zikwangwani zitatu pamene Mzee anandigwira paphewa akuloza wotchi. Anzathu anayi aja, Azungu awiri ndi banja la ku Nairobi, anali atakhala kale pamthunzi akudzipepeza ndi mapepala. Mphindi 40 zinali zitatha. Sindingawanene, iwo analipira kuti akaone nyanja. Wolakwa ndinali ine amene ndinalowa m'gulu osanena kuti pali malo amodzi amene ndikufuna kukhalapo nthawi. Ndinatuluka ngati munthu amene wamuchotsera mbale akudya.

Minda ya zonunkhira ili chakumpoto kwa mzinda cha kum'mawa, dera la Kizimbani, ulendo wosakwana ola. Kumeneko Mzee anatipereka kwa mnyamata wa pamundapo amene anali ndi kampeni m'manja. Kachitidwe kake n'kosangalatsa: amathyola tsamba kapena kupala khungwa, amakupatsa ununkhize, iwe unene dzina. Ine ndinalephera pafupifupi zonse, chifukwa zinthuzi timazidziwa zili ufa m'kabotolo. Sinamoni ndi khungwa la mtengo, koma muzu wa mtengo womwewo umanunkha ngati mafuta aja opaka pachifuwa ukagwidwa ndi chimfine. Tsabola wakuda ndi chomera choyanga pamitengo ina ngati chitedze, ndipo wakuda ndi woyera amachokera pa chomera chimodzi, kusiyana n'kakololedwe ndi kaumitsidwe. Vanila maluwa ake amachita kuwakwatitsa ndi manja limodzilimodzi, n'chifukwa chake amadula. Chipatso cha kungumanga (nutmeg m'Chingerezi) atachiswa, m'kati munali njere yakuda yokutidwa ndi ulusi wofiira ngati wina wachita kuluka. Alamu anapambana kamodzi kokha, mnyamata atakumba kamuzu n'kukadula pakati. Anafuula kuti, "Chikasu ichi! Kwathu chimamera kuseri kwa bafa!"

Karafuu ndiye anatchukitsa chilumbachi. Ndi timaluwa tosaphukira timene amathyola tikayamba kufiira n'kuyanika pamphasa mpaka tide. Ukatafuna kamodzi lilime limachita dzanzi, ndipo amati dzino likamawawa ndiwo mankhwala. Mitengoyi inabwera pachilumbachi kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1800, ndipo Seyyid Said, mfumu ya ku Oman imene inasamutsira likulu lake ku Zanzibar, ndiye analimbikitsa minda ikuluikulu. Mphepo yamkuntho ya 1872 inagwetsa mitengo yambiri pa Unguja, ndipo lero karafuu wochuluka amachokera ku Pemba. Minda imene amaonetsa alendoyi ndi yachionetsero, mtengo uwu umodzi, uwo iwiri. Ndikununkhiza karafuu m'dzanja langa, ndinakumbukira chimene Mzee anajambula pansi m'mawa uja, ndi manja amene ankathyola timaluwati. Anzathu ankajambulana zithunzi, ine fungolo silinandikomere monga ndinkayembekezera.

Pamene mukuyenda, anyamata ena amakutsatani mwakachetechete akuluka masamba a kokonati. Pomaliza mumangoona wina wakuvekani chipewa, wina tayi, amayi kachikwama ndi mphete. Wina amakwera mtengo wa kokonati atamanga kachingwe kumapazi, akuimba ali m'mwamba, n'kugwetsa madafu oti mumwe madzi ake. Zonsezi sizili pamtengo umene munagwirizana, ndipo aliyense amayembekeza kenakake. Ife tinali ndi mashilingi akuluakulu okhaokha, ndiye tinachita manyazi, mpaka bambo wa ku Nairobi anatisinthira. Sinthani ndalama zing'onozing'ono za Tanzania musananyamuke m'tauni. Madola akale kapena ong'ambika musadalire, amawakana. Zonunkhira za m'mapaketi zimene amagulitsa potuluka ndi zabwino, koma zomwezo ku Darajani zinali zotchipirapo.

Nkhomaliro tinadya pamkeka, nsapato titavula: pilau wonunkhira zonse tinaona zija, nsomba yophika ndi mkaka wa kokonati, masamba ndi nthochi zophika. Alamu anafunsa ngati pali ugali, nsima ya kumeneko, poti kwa iwo mpunga ndi chongotsegulira m'mimba. Panalibe. Tili pakati pa kudya, alamu anauza Mzee kuti atibweze m'tauni nthawi yabwino, tikadye pang'ono, 9 koloko usiku tikhale tili padoko poti boti lomaliza limanyamuka 10. Mzee anasiya supuni. Anafunsa kuti watiuza ndani. Alamu anati anafunsa mnyamata wina padoko dzulo, ndipo anayankha kuti "saa kumi". Kumi ndi khumi, Chiswahili chimenecho ngakhale mwana angamve.

Mzee anaseka mpaka misozi, banja la ku Nairobi nalonso. M'Chiswahili tsiku limayamba kuwerengedwa dzuwa likatuluka. 7 koloko m'mawa ndi saa moja, 12 koloko masana ndi saa sita, ndiye saa kumi ndi 4 koloko madzulo. Ukamva nambala, wonjezera kapena chotsa 6. Boti lathu linali loti linyamuka ife tili kutsidya lina la chilumba, ndipo zikwama zathu zinali m'minibasi poti chipinda tinali titabweza m'mawa. Safunsa anadya phula, koma alamu anafunsa ndithu, kungoti yankho analimva m'Chichewa. Mwayi wake tikiti yobwerera tinali tisanagule. Mzee anaimba foni kunyumba ya alendo ija, chipinda chinapezeka, ndipo ndalama ya mafuta a galimoto yathu inachepa ndi usiku umodzi. Ulendo wa tsiku lonse ndi boti la tsiku lomwelo siziyendera limodzi, werengerani mausiku awiri.

Ku Jozani tinafika dzuwa litapendeka pang'ono. Ndi mtunda wa makilomita pafupifupi 35 kuchokera m'tauni, ndipo nkhalangoyi, imene inakhala paki yotetezedwa ndi boma mu 2004, ndi paki yokhayo yotere pa Zanzibar. Pageti amakupatsani woyang'anira nkhalango wawo. Ndinkaganiza kuti tikhala tikusakasaka, koma anyani ake tinawapeza m'mitengo ya m'mphepete mwa msewu, pafupi ndi minda ya anthu. Ndi apusi a msana wofiira, nkhope yakuda, tsitsi loyera loimirira ngati nkhalamba imene yangodzuka kumene, ndipo kwawo ndi pachilumba chino basi. Mmodzi anakhala panthambi yotsika, mwana ali pamimba, akuthyola masamba anthete. Nditayang'anitsitsa dzanja lake ndinaona zala zinayi zazitali, chala chachikulu palibe. Eni dziko amawatcha kima punju, pusi wa poizoni, chifukwa kale ankakhulupirira kuti mtengo umene adyapo umafa. Woyang'anira uja anatiuza kuti apusiwa amaba makala pamene anthu awotcha, amatafuna kuti achepetse ululu wa masamba a mango ndi a mkungu amene amadya. Ndinakumbukira agogo anga amene ankatisinjira makala tikadya chinthu chokayikitsa.

Saopa anthu, koma lamulo ndi loti usawayandikire kwambiri, usawakhudze, usawapatse chakudya, chifukwa chimfine chathu chimawagwira. Pamsewu aika zitunda zochepetsa liwiro kuti magalimoto asamawagunde. Kutsidya kwa msewu kuli kanjira ka matabwa kodutsa m'mitengo ya mikoko, imene imamera m'madzi amchere, mizu yake ili panja ngati miyendo ya kangaude, pansi pali tinkhanu tambirimbiri tolowa m'mauna ukangoponda thabwa. Valani nsapato zotseka. Ine ndinali ndi masilipasi ndipo linthumbu linandipatsa moni.

Ku Paje tinafika cha m'ma 4, nthawi yomwe boti lathu linkachoka padoko. Azungu aja anali atavala kale zosambira m'kati mwa zovala. Titatsika n'kudutsa pakati pa mitengo ya kokonati, tinapeza mchenga woyera ngati ufa woyera, wothobwa m'maso. Koma nyanja panalibe. Madzi anali atathawa, akuoneka kutali uko ngati kamzere kobiriwira, ndipo mabwato anali atagona cham'mbali pamchenga ngati ng'ombe zokhuta.

Munthu wokulira kunyanja ya Malawi zimenezi sazimvetsa msanga. Nyanja yathu imakwera ndi mvula n'kutsika m'chilimwe, koma pamene unasiya bwato m'mawa ndi pamene ulipeze madzulo. Nyanja yamchere imapita ndi kubwera kawiri patsiku, maola asanu ndi limodzi kupita, ena otero kubwera, ndipo nthawi yake imasuntha tsiku ndi tsiku motsatira mwezi. Kugombe la kum'mawa kwa Unguja pansi pake ndi posaya mtunda wautali, ndiye madzi akaphwa amapita kutali zedi. Magaidi onse amadziwa nthawi zimenezi, zimalembedwa, ngakhale pafoni zimapezeka. Tikanafunsa dzulo lake, Mzee akanatha kutembenuza dongosolo kuti tiyambire kugombe. Amene cholinga chanu ndi kusambira, funsani zimenezi, apo ayi pemphani kupita kumpoto ku Nungwi kapena Kendwa, komwe madzi sathawa kwambiri.

Azungu aja anakhumudwa, anakakhala pamalo ogulitsira zakumwa. Ine ndinapinda buluku n'kuyamba kutsatira madziwo. Pansi pali timadziwe tofunda, ndipo muyenera kuyang'ana poponda chifukwa muli tizilombo tozungulira takuda ta minga ngati kanungu. Nditayenda ndithu ndinapeza amayi atakhala pansi m'madzi ofika m'chiuno, atavala zitenje zawo zimene amati kanga, pakati pa mizere ya tizikhomo tolumikizidwa ndi zingwe. Ndi minda. Amalima ndere za m'nyanja zimene amazitcha mwani. Amamangirira tizidutswa pachingwe, pakatha milungu ingapo amakolola, amayanika pagombe n'kugulitsa kwa makampani otumiza kunja, komwe amapangira zolimbitsa zakudya, mankhwala otsukira mano ndi zodzola. Ulimiwu unayamba pachilumbachi chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980, ndipo ambiri ochita ndi amayi. Amalowa m'munda madzi akaphwa okha, ndiye chimene chinakhumudwitsa anzathu ndicho chinandionetsa ine zimenezi. Mayi mmodzi ankamanga mfundo osayang'ana n'komwe, zala zake zitatuwa ndi mchere, akucheza ndi mnzake ngati amayi akupalira mtedza ku Mchinji. Ndinapereka moni wa "shikamoo" kwa wamkulu, anayankha "marahaba", ndipo foni ndinaisiya m'thumba. Kujambula munthu osapempha kumeneko sakondwera nako, makamaka amayi.

Ndinalawa madziwo ndi chala, poti kuyambira ku pulayimale ndinkangomva kuti ndi amchere. Ndi amchere kuposa mmene ndinkaganizira.

Tinabwerera m'tauni kutada, ulendo woposa ola, aliyense akuwodzera. Usiku tinapita ku Forodhani, bwalo la m'mphepete mwa nyanja limene madzulo limasanduka msika wa zakudya. Funsani mtengo musanaloze kanthu, ndipo sankhani chimene akuphika inu mukuona, chifukwa nsomba zina zoyalidwa patebulo zakhalapo nthawi. Ine ndinadya urojo, msuzi wowawasa wa mbatata ya kachewere ndi tizitumbuwa, n'kumwa madzi a nzimbe ofinya ndi jinja ndi ndimu. Alamu anapeza ugali kwinakwake kuseri ndipo anabwera nkhope ikuwala.

Anthu ambiri pachilumbachi ndi Asilamu. M'tauni ndi m'midzi valani zophimba mapewa ndi mawondo, za kugombe zikhale za kugombe. Lachisanu masana mashopu ena amatseka ndipo gaidi wanu angapemphe nthawi ya swala. M'mwezi wa Ramadhani musadyere pamsewu masana. Mvula yamphamvu imagwa kuyambira Malichi mpaka Meyi, pomwe ife mu Ogasiti tinapeza nyengo youma ya kamphepo. Mukakhala anthu atatu kapena anayi, lipirani galimoto yanuyanu ndi gaidi wanu. Mtengo pamunthu susiyana kwambiri, ndipo wotchi imakhala yanu. Ndikanati ndibwerezenso, malo anayi aja ndikanachotsapo amodzi.

M'mawa mwake alamu anati agona mpaka nthawi ya boti la masana, limene ulendo uno tinafunsa kawiri, m'Chiswahili ndi m'Chingerezi, n'kulemba papepala. Ine ndinadzuka, ndinasochera kawiri m'tinjira tija, mpaka mwana wasukulu anandilozera nsanja ya tchalitchi. Ndinalipiranso pageti la Mkunazini. Kunalibe gulu lililonse, mayi mmodzi yekha akusesa pabwalo. Ndinayambira pa chikwangwani chachinayi, pamene Mzee anandidula dzulo, ndipo ndinawerenga zonse mpaka chomaliza, kenako ndinakakhala pakhoma la dzenje lija.

Ndili pamenepo foni inalira. Anali wotithandiza mapepala ku Dar, mawu ake ali m'mwamba: galimoto yatuluka, tibwere msangamsanga tidzasaine lero lomwe. Ndinayang'ana wotchi, ndinawerenga maola a boti ndi a mzere wa padoko, ndipo ndinamuyankha kuti, "Mawa bwana, mawa."